Ulendo wa ku Bloomsbury, Kumene Anzeru Adakambirana za Sukulu ndi Nkhondo

Inu owerenga athu, makolo ndi ana amene mumamvera kalata iyi madzulo pakhonde, mwezi uno tifuna kukutengani pa ulendo wa kutali, ku mzinda waukulu wa London m'dziko la England. M'chaka cha 2014, kuyambira pa 23 kufikira pa 26 Julayi, mumzindamo mudasonkhana aphunzitsi a m'mayunivesite ochokera ku maiko ambiri. Ndiwo a bungwe lotchedwa ISCHE, anthu amene ntchito yao ndiyo kufufuza mbiri ya maphunziro: umo sukulu zidayambira, zimene ana akale ankaphunzira, ndi amene ankawaphunzitsa. Bungweli limasinthasintha malo okumanirapo, chaka chino dziko ili, chaka chamawa dziko lina. Msonkhano wa ku London udali wa nambala 36, ndipo mutu wa nkhani zao udali maphunziro, nkhondo ndi mtendere. M'chaka chomwecho zidakwana zaka 100 chiyambire nkhondo yaikulu ya 1914, ija makolo athu ankaitcha nkhondo ya Chiwaya.

Ndi mwambo wa misonkhano yotere kuti alendo sabindikira m'nyumba masiku onse. Akatha kumvera anzao, amatuluka kukaona mzinda umene wawalandira. Tsono ifenso tiyambire pa bwalo la msonkhano, ndi kuyenda m'malo amene mlendo wotere angafikeko ndi miyendo kapena pa basi. Mudzaona kuti misewu ya kumeneko ili ndi umboni wache pa mlandu womwewo. Umboniwo ndi uwu: nkhondo ikabuka imafulumira kudya sukulu ya mwana, ndiponso nthawi zina imafesedwa m'sukulu momwemo, zaka zambiri mfuti isanalire.

Bwalo la msonkhano

Dera limene tafikali dzina lache ndi Bloomsbury, pakati pa mzinda, kumpoto kwa mtsinje wa Thames. Wobwera pa sitima ya pansi pa nthaka amatsikira pa siteshoni ya Russell Square, nakwera pa chikepe kuti aone dzuwa. Akatuluka amapeza mabwalo a udzu otchingidwa bwino, okhala ndi mitengo yaitali ya mthunzi ndi mipando yopumulirapo, ndipo nyumba zowazinga zambiri ndi za maphunziro. Mwezi wa Julayi, pamene ife kuno tikuotha moto, kumeneko ndi nyengo yofunda, ndipo dzuwa limalowa cha m'ma 9 koloko. Chotero mlendo ali ndi nthawi yoyenda ngakhale atatha ntchito ya tsikulo.

Msonkhano udachitikira m'sukulu yotchedwa Institute of Education, pa msewu wa Bedford Way. Ndi nyumba yaitali ya simenti ndi magalasi, yolinganizidwa ndi mmisiri Denys Lasdun, ndipo idatsegulidwa mu 1977. Koma sukuluyo ndi yakale kuposa nyumba yache. Idayamba mu 1902 kuphunzitsa aphunzitsi a ana a mu London. Mu 1927 idatsegula chigawo chokonzekeretsa anthu okagwira ntchito ya maphunziro m'maiko olamulidwa ndi Angerezi, kotero kuti amishoni ndi oyang'anira sukulu ambiri opita ku Africa adadzera pakhomo pache. Kumapeto kwa 2014 idalumikizidwa ndi University College London.

Tikayenda pang'ono kuchokera pamenepo tiona nsanja yoyera ya Senate House, likulu la University of London, yomangidwa pakati pa 1932 ndi 1937, yotalika mamita 64. Sukulu ya aphunzitsi ija idasamukira m'chigawo china cha nyumba imeneyi mu 1938, koma siidakhalitsemo. Nkhondo yachiwiri itabuka mu 1939, aphunzitsi ndi ophunzira ao adasamutsidwira ku mzinda wa Nottingham, ndipo m'nsanjamo mudalowa unduna wa boma wofalitsa nkhani za nkhondo, umene ntchito yache idali kusankha mau oti anthu amve ndi kubisa ena. Mlembi George Orwell, amene mkazi wache adagwirapo ntchito yoyesa mauyo, adatenga nyumbayi kukhala chifanizo cha likulu la mabodza m'buku lache la mu 1949. Choncho eni ache a msonkhano adalandira alendo ao pa malo amene iwo omwe adapirikitsidwapo ndi nkhondo.

Ana a zikwangwani pakhosi

Kumpoto kwa Bloomsbury, ulendo wa mphindi zochepa, kuli masiteshoni atatu aakulu a njanji: Euston, St Pancras ndi King's Cross. Poima pamenepo tikumbukire za pa 1 Sepitembala 1939. Tsiku limenelo boma la Britain, poopa mabomba a ndege, lidayamba kusamutsa ana kuchoka m'mizinda yaikulu kupita ku midzi. M'masiku owerengeka adasamutsa anthu pafupifupi 1,500,000. Mwa iwo, ana a sukulu adaposa 800,000, ndipo aphunzitsi ndi othandiza ao adaposa 100,000. Mwana aliyense adamangiriridwa kachikwangwani ka dzina lache pa malaya, napatsidwa kabokosi ka chophimba kumaso chotchinga utsi wa poizoni. Ankayenda pa mzere, sukulu ndi sukulu, mphunzitsi patsogolo, ndipo amai ambiri adabwerera kunyumba osadziwa mudzi umene mwana wao adzagone usiku umenewo.

Ku midziko ena adalandiridwa monga mwa mwambi wathu uja wakuti mwana wa mnzako ngwako yemwe. Ena adagwa m'manja ouma. Sukulu za kumidzi zidachepa, kotero kuti m'malo ambiri ana a pamudzi ankaphunzira m'mawa, alendo masana. Mu London namonso nyumba zambiri za sukulu zidasanduka malo a ozimitsa moto ndi othandiza ovulala, ndipo ana otsala mumzinda, kapena obwerako msanga, adakhala miyezi yambiri osaona bolodi. Bomba lisanagwe ndi limodzi lomwe, nkhondo idali itadya kale maphunziro a ana ochuluka.

Nyumba ya pa nambala 29

Tibwerere ku Russell Square. Pa nambala 29 pali nyumba ya mabuku yotchedwa Wiener Holocaust Library. Mwini dzinalo, Alfred Wiener, adali Myuda wa ku Germany amene adamenyera dziko lache nkhondo ya 1914. Hitler atatenga ulamuliro mu 1933, Wiener adathawira ku Amsterdam, nayamba kusonkhanitsa mapepala ndi mabuku oonetsa zimene chipani cha Nazi chinkachita. Mu 1939 adasamutsira chuma chimenechi ku London.

Mwa zinthu zosungidwa m'menemo muli mabuku a ana a zithunzi zokongola, olembedwa kuti mwana wamng'ono aphunzire kunyansidwa ndi Ayuda. Mulinso masewera a pa thabwa a m'zaka za m'ma 1930, amene wopambana wache ndi iye wathamangitsa Ayuda ambiri mumzinda. Zimenezi ankazigula ndi makolo, nazipereka kwa ana ao monga mphatso. Akale adati m'mera mpoyamba. Patapita zaka zochepa, Ayuda pafupifupi 6,000,000 adaphedwa, ndipo mwa iwo ana adali pafupifupi 1,500,000. Amene adachita zimenezi sadali mbuli iai. Adali a dziko la sukulu zabwino, odziwa kuwerenga ndi kulemba. Wotuluka m'nyumba imeneyi sangathenso kunena kuti sukulu iliyonse imabala mtendere, pakuti zimadalira chimene chikuphunzitsidwamo.

Ana otoledwa a Thomas Coram

Kum'mawa kwa bwalo la msonkhano, pa Brunswick Square, pali nyumba yosungiramo zakale yotchedwa Foundling Museum. Imasimba za Thomas Coram, woyendetsa zombo, amene adamva chisoni poona makanda otayidwa m'misewu ya London. Adapempha akuluakulu zaka 17, mpaka mfumu idalola mu 1739 kuti amange nyumba yolerera ana otere. Ana oyamba adalandiridwa mu 1741. Wojambula William Hogarth adapatsa nyumbayo zithunzi zache, ndipo woimba George Frideric Handel ankaimbitsa nyimbo zache kuti ana apeze chakudya.

Malo adali ochepa, amai ofuna thandizo ochuluka. Pa nthawi ina ankachita maere: mai ankapisa dzanja m'thumba la timipira, ndipo koyera kankatanthauza kuti mwana walandiridwa, kofiira kuti adikire, kakuda kuti abwerere naye. Mwana wolandiridwa ankabatizidwa ndi kupatsidwa dzina latsopano. Chifukwa chache mai ankasiya chizindikiro, kaya kandalama, kaya batani, kaya kachigamba ka nsalu, kuti akadzapeza bwino adzamzindikire nacho mwana wache. Zizindikirozo zilipo kufikira lero, pakuti amai ambiri sadathe kubwerera.

Kodi zimenezi zikhudzana bwanji ndi nkhondo? Atsikana a m'nyumbayi ankawakonzekeretsa ntchito ya m'nyumba za olemera, koma anyamata ambiri ankapita ku zombo ndi ku usilikali, ena monga oimba malipenga a asilikali. Mwana wopanda mbale womulankhulira, njira yache yochoka m'kalasi inkalunjika ku kampu. Nyumba yolererayo idachoka mu London mu 1926, ndipo pa malo pache patsala bwalo la masewera lotchedwa Coram's Fields, limene lamulo lache ndi lakuti munthu wamkulu salowamo ngati alibe mwana womuperekeza.

Mtengo wa mfuti

Kumwera kwa Senate House kuli British Museum, imene idakhazikitsidwa mu 1753, ndipo polowamo salipira. Nayonso ili ndi chipsera: usiku wa pa 10 Meyi 1941 mabomba a moto adaigwera, ndipo mabuku pafupifupi 250,000 adawonongeka usiku umodzi.

Koma ife tafika pano chifukwa cha zinthu ziwiri zochokera kwa anansi athu a ku Mozambique. Ambiri a inu mukumbukira nkhondo ya kumeneko, imene idatha ndi pangano la ku Rome pa 4 Okutobala 1992, a gulu la Sant'Egidio atakhala amkhalapakati. Mukumbukira anthu othawa, pafupifupi 1,000,000, amene adadzaza misasa ku Nsanje, Mwanza, Ntcheu, Dedza ndi maboma ena, atasiya sukulu zao zitawotchedwa kapena kutsekedwa. Mu 1995 Episkopi Dinis Sengulane wa mpingo wa Anglican, pamodzi ndi bungwe la mipingo ya m'dzikomo, adayambitsa ntchito yosinthanitsa mfuti ndi makasu. Munthu wobweza mfuti ankalandira khasu, njinga, makina osokera kapena malata. Mfutizo ankazidula, ndipo amisiri a ku Maputo ankazilumikiza ndi moto kukhala zinthu zina.

British Museum idagula mpando wopangidwa ndi mfuti zotere, ntchito ya mmisiri Cristóvão Canhavato ya mu 2001. Mu 2005 idaonetsanso mtengo wa chitsulo wotalika kuposa mamita 3, wopangidwa ndi amisiri anai, umene thunthu lache, nthambi zache ndi masamba ache onse ndi zidutswa za mfuti. Ana a sukulu a ku England akhala akubwera ndi aphunzitsi ao kudzaphunzira za mtendere pa ntchito ya manja a anthu a kwathu kuno.

Kutsidya kwa Thames

Tsopano tikwere basi yofiira, tiwoloke mtsinje kupita ku Lambeth, kumene kuli Imperial War Museum. Nyumba yosungiramo za nkhondo imeneyi idayamba mu 1917, nkhondo ikadali mkati, ndipo kuyambira 1936 ili m'nyumba imene kale idali chipatala cha odwala misala cha Bethlem. Pakhomo pache pali mizinga iwiri ya zombo za nkhondo, yaikulu koopsa, kamwa lache mainchesi 15. Zipinda zatsopano za nkhondo ya 1914 zidatsegulidwa pa 19 Julayi 2014, masiku anai msonkhano uja usanayambe. Anyamata amathamangira ndege ndi akasinja, koma kholo limachedwa pa tinthu tating'ono timene nyumbayi imasunga: makalata a asilikali opita kwa amai ao, tizikwangwani ta ana osamutsidwa aja, ndi zophimba kumaso zazing'ono zopakidwa zofiira ndi zobiriwira ngati thambo kuti mwana asaziope.

Pafupi pomwepo pali tchalitchi chachikulu cha Akatolika cha St George's, ku Southwark, chimene chidatsegulidwa mu 1848. Mabomba a moto adachipsereza mu Epulo 1941, ndipo chidamangidwanso nkutsegulidwa mu 1958. Mlendo wolemedwa mtima ndi zimene waona angathe kupumuliramo.

Mngelo wa ku Poplar

Ulendo wotalikirapo ndi wa kum'mawa kwa mzinda, ku Poplar, dera limene kale lidali la anthu osauka ogwira ntchito pa madoko. Pa 13 Juni 1917, dzuwa lisanafike pamutu, ndege za Ajeremani zidafika pamwamba pa London. Bomba limodzi lidagwera sukulu ya Upper North Street. Lidaboola denga, lidapyola kalasi la atsikana pamwamba ndi la anyamata pakati, ndipo lidaphulikira pansi, m'kalasi la ana aang'ono. Ana 18 adafa, ambiri a iwo a zaka 4 kufikira 6. Anthu adasonkha ndalama, ndipo mu 1919 adaimika chipilala m'bwalo la Poplar Recreation Ground, mngelo wa mwala pamwamba, maina a anawo pansi. Zotere zidabwerezeka pa 20 Januwale 1943 ku sukulu ya Sandhurst Road, ku Catford, kumene bomba lidagwa ana ali pa chakudya cha masana, nkupha ana 38 ndi aphunzitsi 6. Palibe mmodzi wa iwo amene adadziwa chimene mafumu ankakanganirana.

Liu limodzi pa mwala

Pobwerera pakati pa mzinda tidzere pa Constitution Hill, pafupi ndi nyumba ya mfumu ya Buckingham Palace. Pamenepo pali zipilala zotchedwa Memorial Gates, zotsegulidwa mu 2002, zokumbutsa anthu a ku India ndi maiko oyandikana nalo, a ku Africa ndi a ku Caribbean amene adatumikira pa nkhondo ziwiri zazikulu. Maina a ankhondo olembedwapo ndi a iwo okha amene adalandira mendulo zapamwamba koposa za kulimba mtima. Africa yense walembedwa ndi liu limodzi.

M'kati mwa liu limenelo muli agogo athu. Nkhondo ya Chiwaya idafika ku Karonga mu Sepitembala 1914. Olemba mbiri amati amuna a dziko lino amene adalowa usilikali adali pafupifupi 19,000, ndipo amene adasenza akatundu pa mtengatenga adali pafupifupi 200,000. Ambiri adafa ndi njala ndi matenda m'njira, ndipo manda ao sadziwika. Aphunzitsi a m'midzi nawonso adatengedwa, ena monga omasulira ndi alembi, kotero kuti sukulu zambiri za mishoni zidazirala m'zaka zimenezo. Pa nkhondo yachiwiri ana ao adafika mpaka ku Burma ndi gulu la King's African Rifles. Chipilala cha ku Zomba ndi mbale wache wa zipilala za ku London, ngakhale nachonso sichidathe kutchula onse.

Zimene adapangana ku Westminster

Titsirize ku Westminster, kumene kuli nyumba ya malamulo. Chodabwitsa ndi ichi, kuti malamulo awiri aakulu a maphunziro a dziko la England adakhazikitsidwa nkhondo ikadayaka. La mu 1918 lidalamula kuti mwana asasiye sukulu asanakwane zaka 14. La mu 1944 lidatsegula sukulu za sekondale kwa ana onse popanda malipiro, ndipo kuyambira 1947 msinkhu wosiyira sukulu udakhala zaka 15. Akuluakulu adaona kuti sikungatheke kuitanitsa magazi a ana a amphawi ndi kuwamana maphunziro.

Pafupi ndi nyumba ya malamulo, pa msewu wa Great George Street, m'nyumba ya bungwe la amisiri a milatho ndi misewu, mudakumana nthumwi za maiko 44 mu Novembala 1945. Pa 16 mwezi womwewo ambiri a iwo adasaina pangano lokhazikitsa UNESCO, bungwe la maiko loona za maphunziro. Maganizo ao adali akuti muzu wa nkhondo uli m'mitima ya anthu, ndipo kumeneko ndiko kuyenera kulimidwa poyamba. Chiyambire tsiku limenelo nkhondo sizidathe, ndipo kufikira masiku athu ano sukulu zawotchedwa m'maiko ambiri. Nchifukwa chache anzeru aja adaona kuti nkhaniyo ikadafunika kuikhalira pansi mu 2014.

Tsono inu bambo ndi inu mai, ambiri a ife sitidzaponda Bloomsbury, koma mlandu umene adakamba kumeneko uli pakhomo pathu. Sukulu yoyamba ya mwana ndi pa moto madzulo. Mau amene timanena pamenepo za mtundu wina, za a chigawo china, za a chipembedzo china, mwana amawatola monga ana a ku Germany adatolera masewera aja, ndipo sitidziwa chaka chimene adzamera. Nkhondo siimanga mudzi, ndipo chidani chophunzitsidwa mwa nthabwala sichimanganso. Chaka chikavuta, tisafulumire kuchotsa mwana m'kalasi, pokumbukira kuti anthu ena adasunga sukulu ngakhale mabomba akugwa.

Tikupemphaninso kanthu kamodzi kotheka mwezi uno womwe. Ngati pamudzi panu pali nkhalamba yokumbukira dzina la gogo amene adapita ku mtengatenga kapena ku Burma, kapena mbale amene adabwera wothawa kuchokera ku Mozambique, tumani mwana wa sukulu akakhale nayo pansi ndi kope ndi pensulo. Alembe dzina, mudzi, ndi zonse zimene nkhalambayo inganene, ndipo kopelo mulisunge pamodzi ndi makalata a ubatizo. Mwana adzaphunzirapo kulemba, adzaphunziraponso mtengo wache wa nkhondo, ndipo dzina limene silidalembedwe pa mwala wa ku London lidzakhala litalembedwa kwao.